Ngodya Yopanda Mwini

A Obadiya Mbewe akalowa m'nyumba ya munthu, maso awo amayamba afika pangodya, moni n'kubwera pambuyo. Anthu a ku Chezi anazolowera. Ena amati ndi mwano, ena amati ndi matenda a ntchito, pakuti bambowa akhala akumanga nyumba kuyambira ali mnyamata mpaka lero imvi zili mbuu. Si iwo okha amisiri m'deralo, ndipo pa kufulumira alipo owaposa. Chimene amadziwika nacho ndi ukali. Akapeza mzere wa njerwa wapendama amaugwetsa ndi phazi mwini nyumba ali pomwepo, ndipo ambiri amawaitana kamodzi kokha.

Ukaliwo uli ndi poyambira pake. Chaka cha 1989, pamene chivomezi chinagwedeza kuchokera ku Salima mpaka kumapiri a Dowa, a Obadiya anali asanamalize sukulu ya pulaimale. Bambo awo anali atangomangitsa nyumba ya njerwa zootcha, yoyamba m'mudzimo, yotuluka m'ndalama za fodya. Nthaka itanjenjemera, khoma lakumapeto, lalitali lija losongoka pamwamba, linasiyana ndi anzake n'kugwera m'kati. Mlongo wawo wamng'ono, Faines, anali m'chipinda chimene linagweramo. Anamutulutsa wamoyo, koma chiuno chitathyoka, ndipo kuchokera pamenepo amayenda ndi ndodo, mwendo wina akuukoka.

Chimene mnyamatayo sanachiiwale ndi maonekedwe a khomalo. Silinaphwanyike. Linagona pansi lathunthu ngati chitseko, m'mbali mwake muli see, ngati wina wadula ndi mpeni. Anaima nthawi yaitali akuliyang'ana, osamvetsa chimene akuona.

Anadzamvetsa atakula, kutali ndi kwawo. Ataphunzira kumanga ku Mponela, anatsatira kontilakita wina ku Nacala, ku Mozambique, kumene ankamanga khoma lotchinga mafunde padoko. Kumeneko ndi kumene anaona nyanja ya mchere, madzi oti amamenya konkire usana wonse osatopa, mchere wake n'kumadya zitsulo m'kati mwa khoma. Woyang'anira ntchitoyo anali mayi wina injiniya, wamfupi, wosaseka. Ankawatsukitsa mchenga, ankawagumulitsa chilichonse chimene chitsulo chaonekera. Tsiku lina madzi ataphwera anawatenga onse kukaona khoma lakale limene nyanja inagwetsa.

“Onani pamene lang'ambika,” anatero mayiyo kudzera mwa womasulira. “Pakati pali bwinobwino. Madzi amafunafuna pamene zinthu ziwiri zakumana. Khoma limatha kusenza katundu wochokera pamwamba, koma chikalikankha cham'mbali limadalira linzake. Chivomezi nachonso chimakankha cham'mbali.”

A Obadiya anakumbukira kwawo. Anaona khoma la bambo awo litagona pansi, m'mbali muli see. Mmisiri amene anamanga nyumba ija anangoimika makoma moyandikana, osalumikiza njerwa pangodya, n'kumata pulasitala pamwamba. Munthuyo anali atamwalira kale, kotero panalibe wokamugwira pakhosi. Mkwiyowo anabwera nawo kumudzi pamodzi ndi levulo yatsopano yoyezera kuwongoka kwa khoma, ndi manja ong'aluka ndi simenti. Anakwatira a Marita, anabereka ana, anasankhidwa kukhala mtumiki mumpingo, koma mkwiyowo sunapite kulikonse.

Nyumba ya mapemphero ya kwawo inali ya zidina, ndipo inachepa. Mpingo unayesa kangapo kuumba njerwa pamodzi, koma zinkathera m'mikangano. Ena ankabwera m'mawa, ena ankatulukira thobwa likamafika, ena osaoneka n'komwe. Ndiye a Enoki, mkulu wa mpingo amene anali wapampando wa komiti ya zomangamanga, anabwera ndi nzeru. A Enokiwa ndi amuna awo a Faines, mlamu wawo wa a Obadiya.

“Tigawane ndime,” anatero pamsonkhano, “monga timachitira polambula msewu. Milaga tili nayo inayi, makomanso ndi anayi. Mlaga uliwonse uumbe njerwa zake, uotche, umange khoma lake. Waulesi aoneke ndi khoma lake.”

Anthu anaomba m'manja. Mlaga ndi kagawo ka mpingo, mabanja oyandikana amene amapemphera pamodzi m'kati mwa sabata, ndipo palibe mlaga umene umafuna kusekedwa ndi unzake. A Kumtunda, kwawo kwa a Obadiya, anapatsidwa khoma lalitali la mbali ya amayi. A Kudambo, kwa a Enoki, anatenga khoma lakumbuyo, losongoka pamwamba. Otsalawo anagwera a Kumsika ndi a Kusukulu.

A Obadiya anaimirira osapatsidwa mpata. “Nanga ngodya ndi za yani?”

Anthu anayang'anana.

“Ndikufunsa! Khoma lili ndi mwini, khoma lili ndi mwini. Pamene akumanapo ndi pa yani? Mukumanga tchalitchi kapena khola la mbuzi?”

“Alamu, khalani pansi,” a Enoki anatero akumwetulira. “Makoma akakumana, ngodya yapezeka. Kodi ngodya amachita kuumba?”

“Amachita kuluka! Chivomezi chikadzabwera, kapena chimphepo, chidzayamba pomwepo. Ine ndinaona ku Nacala mafunde...”

“Eee, yayamba ya ku Nacala,” wina anatero kumbuyo.

“Alamu, kuno n'kumapiri,” anatero a Enoki. “Mafunde mwawaona pati? M'dimba mwa a Lazaro awa?”

Chipinda chonse chinagwa ndi phwete. Pamenepo a Obadiya akanatha kutola njerwa zinayi panja n'kuwaonetsa anthu chimene ankatanthauza. Sanatero. Analoza mlamu wawo ndi chala n'kunena kuti paphewa pake anasenzapo dzungu m'malo mwa mutu, ndipo onse oomba m'manjawo ndi maungu anzake. Anatuluka akumenyetsa chitseko.

“Mukanangowafotokozera,” a Marita anatero kunyumba.

“Ndawafotokozera!”

“Mwawatukwana. Ndinali pomwepo ine.”

A Obadiya analumbira kuti sadzakhudza njerwa ya tchalitchi chimenecho. Ndipo tinene zoona, nzeru ya a Enoki inagwira ntchito. Njerwa zimene zinakanika zaka zambiri zinaumbidwa chilimwe chimodzi. Mauvuni anayi anafuka utsi, amayi akuimba potunga madzi, mlaga uliwonse ukuzonda unzake. Khoma la Kudambo litafika m'chiuno, mawu anayamba kuyenda akuti a Mbewe akuopa mpikisano, ukali uja n'ngobisira ukalamba. Mawuwo atawafika, m'mawa mwake anapezeka pamalopo ndi levulo yawo. Amanena okha kuti anapita chifukwa cha mlongo wawo. A Marita amati anapita chifukwa cha dzina lawo.

Khoma la Kumtunda linakwera lowongoka, mizere yake ngati yojambula. Kumapeto kwake a Obadiya ankasiya mano, ndiye kuti njerwa zotulukira kunja mzere uwu, mzere wotsatira ayi, kuti a khoma linalo adzalowetsemo zawo, makoma awiriwo alumane. Koma mlaga uliwonse unaumba ndi chikombole chake. Cha Kudambo chinali chachikulu, chimene ankaumbira njerwa za mabalani a fodya, ndipo mizere yawo sinkakumana ndi ya Kumtunda ngakhale pang'ono.

Tsiku lina a Obadiya atafika anapeza mano onse a mbali ya Kudambo atagwetsedwa. Zidutswazo zinali zitaunjikidwa bwinobwino mbali ya Kumtunda, wina atasesapo ndi tsache.

“Ndani wachita izi?”

A Enoki anatsika pamakwerero akupukuta manja. “Mwadzuka bwanji, alamu? Njerwa zanu zinalowa m'ndime mwathu. Tazibweza zonse, palibe yasowa.”

“Ndime! Kodi ndi munda uno? Mukuyesa ndikukuberani malire?”

“Tinagwirizana kuti aliyense alekeze pake. Mawa anthu adzati khoma la Kudambo linaimira njerwa za Kumtunda. Ife sitifuna kuthandizidwa.”

A Obadiya anaponya levulo pansi, galasi lake n'kusweka. Zimene ananena tsiku limenelo sizilembeka. Amayi otunga madzi anatula zidebe n'kutseka pakamwa. A Enoki anangokwera pamakwerero n'kupitiriza kumanga, khoma lawo likukwera pambali pa linzake osalikhudza. Pampata wotsalawo, woti dzanja n'kulowa, ankangothiramo matope a simenti. Ngodya zina zitatu zinamangidwa chimodzimodzi.

Makoma atatha, kunadutsa mtsikana wina wa ku boma woona za zomangamanga, Luckness, amene ankayendera midadada ya sukulu. A Obadiya anamukokera pamalopo. Iye anayang'ana, anagogoda, n'kuuza a komiti mwaulemu kuti bambowa akunena zoona: pangodya iliyonse pakufunika nsanamira ya konkire yogwira makoma onse awiri, ndiponso lamba wa konkire wozungulira pamwamba. A komiti anathokoza kwambiri, anamupatsa nkhuku, n'kunena kuti aganizira. Galimoto yake isanazimiririke anali atagwirizana kale tsiku lomata pulasitala, chifukwa alendo odzatsegulira tchalitchi anali atauzidwa kale mwezi wake.

Pulasitalayo ndi amene anawasowetsa mtendere a Obadiya. Akamatidwa, palibe adzaonenso mpatawo. Adzangoona ngodya yoyera yokongola, ngati ya bambo awo ija.

Anatsetsereka kupita Kudambo masana ena, a Enoki ali kumunda. Anapeza mlongo wawo pakhonde akusankha mtedza, ndodo ili pambali.

“Nambewe, m'tchalitchi chatsopanochi muzikakhala pati?”

“Pamalo panga. Kumbuyo pangodya, mbali ya amayi.”

A Obadiya ankadziwa kale yankholo. Pangodya ndi pokhapo pamene a Faines amatha kuwongola mwendo popanda kupunthwitsa anthu, n'kutsamiritsa ndodo. Ndipo ngodya imeneyo ndi yomwe ija ya Kumtunda ndi Kudambo, pansi penipeni pa khoma losongoka.

“Muzikakhala pakhomo.”

“Kuti aliyense wolowa azindiponda mwendo? Ayi, zikomo.”

“Nthaka ikadzagwedezeka anzanu adzathawa. Inu mudzathawa bwanji?”

A Faines anasiya mtedza. “Mukundifunsa ine zimenezo?”

“Ndiye muwauze amuna anuwo!”

“Achimwene, amuna angawo munawatcha dzungu pamaso pa mpingo wonse, ana awo ali pomwepo. Lero mukufuna ndikauze dzungulo kuti limvere inu? Ngakhale atadziwa kuti mukunena zoona, sangagwetse njerwa imodzi chifukwa mwanena ndinu. Munatseka nokha njirayo.”

A Obadiya anabwerera kumtunda akupuma ngati ng'ombe yokoka ngolo. Khoma la Kudambo sakanalikhudza. Kutero kukanakhala kulowa m'ndime ya eni, mlandu woti mpingo wonse ukanawaukira. Koma lamulo la a Enoki lomwelo linkati khoma lililonse lili ndi eni ake, ndipo khoma la mbali ya amayi analimanga ndi manja awo.

Loweruka lomata pulasitala, anthu oyamba kufika ndi mchenga anamva nyundo. A Obadiya anali pamwamba pa khoma la Kumtunda, kumapeto kwake, akuligumula. Ankachotsa njerwa imodziimodzi n'kuiponya pansi, kutsika nalo ngati masitepe. Pamene khamu linkasonkhana n'kuti pangodyapo pali chibowo choti ngolo n'kudutsa.

A Lazaro, mkulu wa mlaga wa Kumtunda, anafika akuthamanga, chipewa chili m'manja. “A Mbewe! Mwapenga? Njerwa zimenezo tinaumba tonse! Khoma lathu ndi limene limaposa onse pano!”

“Limaposa chiyani? Kuima lokha ngati chikwangwani?”

“Tsikani!”

“Ndili m'ndime mwanga. Funsani apampando ngati ndadumpha malire.”

A Enoki anali ataima chapatali, nkhope itada. “Imeneyi ndi nyumba ya Mulungu, alamu.”

“Ndiye chifukwa chake sindikufuna iphe anthu ake! Bwerani muone. Bwerani nonse, inu oseka aja! Mafunde aja ndi awa!”

Khoma la Kumtunda litachoka pamenepo, mbali ya khoma la Kudambo inaonekera yonse kuchokera pansi mpaka pamwamba. Matope othira aja anali atayoyoka okha. Mbaliyo inali see, yosagwira kanthu. Anthu anayang'ana, koma ambiri ankangoona chibowo ndi njerwa zawo zili mbwee pansi, ndipo phokoso linakula. Ena ankati aitane abusa, ena ankati amukoke mwendo atsike.

Phokosolo linazirala pamene a Faines anatulukira. Anali atauyamba ulendowo atangomva nyundo, ndipo chitunda cha kutchalitchi sachikwera msanga. Anthu anapatuka. Anafika pachibowocho, anatsamira ndodo, n'kuyang'ana mbali ya khomalo kuyambira pansi, pang'onopang'ono, mpaka kunsonga. Anatambasula dzanja n'kusisita njerwazo.

“Ndalizindikira,” anatero. “Ndi lomwe lija.”



“Bambo a Memory,” anatembenukira kwa amuna awo, “inu munandipeza ndili kale chonchi. Simunalione likubwera. Ine ndinaliona. Sindikuuzani chochita, khoma ndi lanu. Koma pansi pa ili ine sindikhala. Ndizipemphera panja, pansi pa mkuyu uwo, dzuwa kaya mvula. Alendo anu akafunsa kuti mkazi wa apampando akutani panja, muziwayankha ndinu.”

A Obadiya anatsegula pakamwa ali pamwambapo.

“Inu khalani chete,” a Faines anatero osawayang'ana n'komwe. “Pakamwa panupo ndi pamene patifikitsa pano. Mukanakhala munthu wolankhula ngati anthu, bwenzi njerwa izi zili m'khoma.”

A Enoki anayenda mpaka pachibowocho, naonso n'kuika dzanja pamene panali dzanja la akazi awo.

“Ngodya iyi yokha,” anatero. “Simenti yake musaiyembekeze kukomiti. Ndipo pobowola khoma lathu ndikhalepo.”

“Nanga zinazo? Nanga lamba wa pamwamba?”

“Ndati iyi yokha, alamu. Musandikankhe.”

A Obadiya anatenga simenti ndi zitsulo zimene ankasungira khonde la nyumba yawo, a Marita akuyang'ana. Anabowola khoma la Kudambo mzere ndi mzere, a Enoki ataima pambali ngati akulondera mbuzi m'munda mwa eni. Analowetsa zitsulo mbali zonse ziwiri, anatsuka mchenga monga anaphunzirira kunyanja, n'kuthira nsanamira yonenepa yotulukira kunja ndi m'kati. Si yokongola. A Kumtunda mpaka lero amati inaipitsa khoma lawo, ndipo a Lazaro anatha nthawi osawapatsa moni.

Bwalo la akulu a mpingo linawaitana a Obadiya. Mlandu unali wogumula nyumba ya Mulungu popanda chilolezo ndiponso kunyoza mkulu wa mpingo. Anawapempha kuti apepese. A Obadiya anaimirira n'kunena kuti za dzungu zija akupepesa, anachimwa, koma za nyundo sapepesa. Akanalekera pomwepo mwina akanawakhululukira. Koma anawonjezera kuti ngodya zitatu zatsala, ndipo aliyense wokhala pabwalopo adzayankha yekha tsiku limene zidzatseguke. Anawachotsa pa utumiki, n'kuwaimitsa ku Mgonero kwa kanthawi. Ku Mgonero anabwerera. Pa utumiki sanawasankhenso.

Tchalitchi chinatsegulidwa ndi nyimbo ndi alendo, ndipo mlaga uliwonse unaimirira pamene khoma lake linkatchulidwa. Ngodya zitatu zija zinamatidwa bwino, zoyera mbee. Chivomezi sichinabwere. Mwina sichidzabwera a Obadiya ali moyo, ndipo anyamata a pamsika akawaona akudutsa amafuula, “A Mbewe, mafunde afika pati lero?” Iwo amayankha zimene amayankha.

Sanapambane, ndipo amadziwa. Khoma losongoka lija analigwira dzanja limodzi lokha. Mbali yake inayo idakali yosagwira kanthu, ndipo pansi pake pamakhala abambo okalamba. Chaka chilichonse mvula ikatha, pangodya zitatuzo pamatuluka kamng'alu kowongoka, kochepa ngati ulusi, kuchokera pansi mpaka kudenga. Isanafike Pasaka achinyamata amakapakapo laimu.

Lamulungu lililonse a Faines amafika ena asanafike, amakhala pangodya pawo, amawongola mwendo, n'kutsamiritsa ndodo pansanamira yonenepa ija. A Obadiya amakhala mbali ya abambo pamene angathe kuwaona. Mapemphero akatha sathamangira kupereka moni. Amazungulira tchalitchi chonse, n'kumalowetsa chikhadabo m'laimu pangodya iliyonse mpaka atapeza mng'aluwo. Akafika pakhomo amapeza a Enoki akugwirana chanza ndi anthu.

“Zatsala zitatu,” amatero, mokweza kuti onse amve.

“Tamva, alamu,” a Enoki amayankha, n'kupereka dzanja kwa wotsatira.